Kuwoloka Nakhonyo Katatu

Lolemba, 12 Febuluwale 2001

Andigoneka pabedi 7, wodi ya amuna, chipatala cha mishoni kuno ku Phalombe. Thupi latentha kufika 39.8. Atenga magazi ndi chimbudzi. Adokotala akuganizira taifodi, akuti mwina ndi madzi a pachitsime amene tinkamwa ku Kaduya, kumene mipope inaduka kalekale. Andiika dilipi kudzanja lamanzere. Mwayi wake ndimalembera lamanja.

Kope ili ndi la ntchito. M'masamba khumi ndi anayi oyambirira muli mawu a kanema wathu wa milatho yokokoloka, ndiye ndayambira kumbuyo kuti zisasakanikirane. Ngati wina adzalitola, dzina langa ndi Sylvester Chirambo. Ntchito yanga ndi kuyankhula pamwamba pa zithunzi: ena amajambula, ine ndimafotokozera owonera zimene akuona. Anthu amandidziwa mawu, nkhope ayi, ndipo zimandikomera choncho.

Pius, wojambula wathu, wanyamuka ndi galimoto kukasiya matepi ku Blantyre. Akuti Lachinayi abwera ndi mkazi wanga Jenifer. Mvula ikugwa.

Lachiwiri, 13 Febuluwale

40.1. Ndi taifodi, atsimikiza. Kolamfenikolo kudzera mu dilipi, kanayi patsiku. Panado awiri. Phala ndabweza lonse. Denga likudontha pakati pa bedi 3 ndi bedi 4, aikapo beseni. Wa pabedi 8, pafupi nane, amutchinga ndi nsalu yobiriwira. Ndikungomva kubuula ndi mawu a mayi wina.

Lachitatu, 14 Febuluwale

39.2. Ndamwa tiyi, wakhazikika.

Nsalu ija aichotsa m'mawa. Ndinapempha madzi kwa namwino wathu, a Fanny, ndipo bambo wa pabedi 8 anatembenuza mutu.

"Mawu amenewo ndikuwadziwa," anatero. "Ndinu aja munati tibwerere."

Ndi a Dickson Muhiwa a ku Kaduya. Ndilembe bwinobwino mmene tinadziwirana, mutu ukadagwira.

Lachinayi lapitali tinali pa mtsinje wa Nakhonyo, pamene mlatho unakokoloka zaka ziwiri zapitazo. Patsala zipilala ziwiri ndi chikwangwani. Tinadikira m'mawa wonse kuti pachitike chojambulika. Cha m'ma leveni kunatulukira amuna anayi atanyamula munthu pa machira a nsungwi. Khoma la khitchini linali litamugwera, fupa n'kuthyoka pansi pa bondo, koma khungu linali losang'ambika. Anali atamanga mwendowo ndi timitengo ndi nsanza za chitenje. Pius anayatsa kamera. Anthu aja analowa m'madzi olekeza m'chiuno n'kuwoloka bwinobwino.

Vuto linali limodzi: ankaseka. Njira yonse ankalalatirana m'Chilomwe, wakutsogolo kukuwa, wakumbuyo kuyankha, wodwalayo naye kuponyamo lake. Ine mawu anga ndinali nditalemba kale ku Blantyre, monga timachitira nthawi zonse. Kwathu mawu ndiwo amayamba, zithunzi zimachita kukafunidwa. Tsamba lachisanu ndi chinayi likuti: "Mwakachetechete, mitima ili m'mwamba, anthu a kuno amawoloka ndi odwala awo." Simungawerenge zimenezo pamwamba pa anthu amene akufa ndi phwete.

Ndinawapempha mwaulemu kuti abwerere tsidya lija, awolokenso, koma ali chete. Ndinawauza kuti kanemayu akaonedwa ndi anthu amene amamanga milatho. Anayang'anana, n'kubwerera nawo machira. Kumeneko kunali kuwoloka kwachiwiri. Pa ulendo wachitatu, atatsala pang'ono kufika, wakumbuyo wa kudzanja lamanja anaterereka. Machira anapendekeka, a Muhiwa n'kugwera pamwala ndi mwendo womwewo. Fupa linatulukira kunja, m'madzi amatope.

Tinawabweretsa kuno pa galimoto yathu. Ndalemba zimenezo kuti zidziwike, ngakhale sizichotsa kanthu.

"Mwendo uli bwanji?" ndinafunsa.

"Ulipo," anatero. "Nanga inu mwatani?"

"Taifodi."

"Madzi athu amenewo. Pepanitu, takulandirani moipa."

Lachinayi, 15 Febuluwale

38.9. Pius sanabwere. A Fanny akuti msewu waduka konse kuwiri, wa ku Chiradzulu ndi wa ku Mulanje. Lamya ya chipatala inafa sabata yatha. Magetsi kulibe chiyambire mwezi uno, mapolo atatu anagwa, ndipo jenereta amaisungira ku fiyeta kochitira opaleshoni. Mpope wa m'wodi ukautsegula umangopuma mpweya.

Ndikanakhala bwino, zonsezi ndikanazisanja m'masekondi makumi atatu. Ndazichitapo ku Nsanje, ku Karonga, ku Salima. Umayamba ndi madzi, kenako magetsi, msewu umausungira kumapeto chifukwa ndiwo uli ndi chithunzi chokoma. Mawu aziyenda awiri pa sekondi, osakweza, osanjenjemera. Kulira umasiyira owonera.

Ndilibe wondidikirira. Mayi Belita, akazi awo a Muhiwa, anaona mbale yanga ya dzulo ili ndi ntchentche, anangoitenga osafunsa. Anabwera nayo yotsuka, pamodzi ndi madzi owiritsa m'kachigubu. Madziwo amakatunga ku mjigo wa kusukulu, kamtunda ndithu.

"Musavutike, mayi," ndinatero.

"Nanga mufe ndi litsiro ife tikuona? Ndowa yake ndi imodzi yomweyi."

Lachisanu, 16 Febuluwale

38.4. Ndadya phala theka la mbale. M'mimba mwayamba kumvera.

Pabedi 5 pali mphunzitsi wa ku Chiringa amene anagwa panjinga n'kuthyoka nthiti ziwiri. Ali ndi wailesi yomwe mabatire ake amawayanika pawindo ngakhale kulibe dzuwa. Iyeyo ndiye wandiulula. Akuti anandimvapo mu kanema wa kolera amene anaonetsa pansalu pabwalo la sukulu yawo.

"Anthuni," anauza wodi yonse, "amene ankatiuza kuti tiziwiritsa madzi uja ndi uyu wagona apayu!"

Anaseka mpaka nthiti zinamukumbutsa. Kuyambira pamenepo aliyense akunditchula a Mawu.

Cha m'ma teni adokotala anamasula bandeji la a Muhiwa. Fungo linafika mpaka kukhomo. Anayankhula ndi a Fanny m'Chingerezi, kuiwala kuti bedi 7 ili ndi makutu. Bala alitsuka kawiri ku fiyeta, koma matope analowa mpaka m'fupa. Ekisileyi sangajambule popanda magetsi. Penisilini ndi jentamaisini sizikugwira mokwanira. Pakufunika dokotala wa mafupa ku Blantyre, ndipo pasapite masiku anayi. Kupanda apo, mwendo uchoke kuti munthu atsale.

Adokotala atatuluka, a Muhiwa anandikodola.

"A Mawu, chizungu chija chati chiyani?"

"Ati mupite ku Blantyre."

"Basi? Chonse chija?"

"Basi."

Kufupikitsa nkhani ndi ntchito yanga.

Loweruka, 17 Febuluwale

37.9. Dilipi achotsa. Tsopano makapisozi awiri, kanayi patsiku.

Eyiti koloko anawanyamula a Muhiwa pa ambulansi. Adokotala anatumiza uthenga dzulo kudzera pa wailesi ya apolisi kuti galimoto ina ikawadikire tsidya la pamalo oduka. Bedi 8 inatsala ndi pulasitiki yokha. Mtima unandipepukira, ndipo sindikudziwa ngati n'chifukwa cha mwendo wawo kapena chifukwa choti sindiwaonanso.

Cha m'ma folo abwera nawo. Anadikira pamalo oduka maola asanu. Galimoto ya tsidya lina sinafike, madzi n'kumakwererakwerera. A Fanny akuti amuna ena a pamenepo anadzipereka kuti awawolotse pamapewa, akadikirire kutsidya, koma a Belita anakana.

"Awoloka mokwanira," anatero a Belita, akuyala chitenje pansi pa bedi.

Lamulungu, 18 Febuluwale

37.6. Ndadziyendera ndekha kuchimbudzi, ndikugwira khoma.

Tsiku la alendo. Amayi a mpingo anaimba nyimbo ziwiri n'kupempherera bedi iliyonse, Msilamu wa pabedi 2 yemwe. M'wodi munadzaza fungo la makaka, chinangwa chouma chija, ophika ndi nandolo. Mwezi uno ndi wa njala, koma palibe anabwera chimanjamanja.

Masana pakhomo panaima bambo wamtali, chipewa chili m'manja, osalowa. Ndinamuzindikira. Ndi uja anaterereka. Dzina lake ndi Jonasi, mlongo wawo wa a Belita. Chichitikire ngoziyo anali asanapondeko kuno.

"Lowani, alamu," anatero a Muhiwa. "Mwendowu suluma."

Analowa n'kukhala pansi pakati pa mabedi athu awiri. Anabweretsa makaka m'kambale. Anayankhula za mvula, za mbuzi ina imene yabereka, za chimanga chimene chagona m'dimba. Ine, chizolowezi cha ntchito, ndinafunsa chimene ankaseka pa ulendo woyamba uja.

"Sikuseka kokha kuja, bwana," anatero a Jonasi. "Wakumbuyo saona pansi. Machira amatchinga, madzinso ndi ofiira. Ndiye wakutsogolo akaponda mwala woterera amanena, akapeza dzenje amanena. Kumanja, kumanzere, tsika, kwera. Kungoti ife timanena monyozana kuti wodwala asachite mantha. Iwe wa chimimba cha mowa, dzenje ilo kumanja kwako! Choncho. Pakamwa pa wakutsogolo ndiye maso a wakumbuyo."

"Ndiye nditati mukhale chete?"

"Ndinatsala wopanda maso. Dzenje lija mnzanga wakutsogolo analimva ndi phazi, n'kulilambalala. Koma munali mutati chete."

"Bwanji simunandiuze?"

Anayang'ana a Belita, kenako chipewa chake.

"Munthu wabwera pagalimoto, ali ndi makina, wati mukatere mlatho ubwera. Ife ndife ndani kuti tiyambe kumuphunzitsa ntchito yake?"

Sananene mokwiya. Ananena ngati mmene munthu amafotokozera kadzalidwe ka chinangwa. Kenako ndinamva kuti kumudzi akuti iyeyo ndiye waonongetsa mwendo wa mlamu wake. Ena akuti m'mawa umenewo anali atalawa kachasu, pamene munthuyo mowa anasiya kalekale.

Ndinakhala tsonga. Ndinatulutsa mawu aja a ntchito, kuti wodi yonse imve, n'kunena kuti a Jonasi alibe mlandu, kuti amene anawatseka pakamwa pakati pa mtsinje ndine. Mphunzitsi anatsitsa wailesi yake.

"Madzi akatayika saoleka, a Mawu," anatero a Muhiwa. "Idyani makakawo asanazizire."

A Belita anatola mbale n'kutuluka nazo. Mbale yanga anatsuka monga mwa masiku onse, koma anaiika pakabati osandiyang'ana.

Amati safunsa adadya phula. Kuno safunsa ndine, phula akudya wina. Ndili ndi manyazi, ndipo manyaziwo sakuthandiza aliyense.

Lolemba, 19 Febuluwale

37.2. Ndafika pakhonde. Phiri laoneka pang'ono, kenako mitambo yalitseka.

Wansembe wina wafika pa njinga yamoto. Akuti pamalo oduka anachita kuinyamulitsa ndi anthu asanu ndi mmodzi. Wandibweretsera kalata ya Pius. Jenifer ali bwino, akungodandaula. Abwana aona matepi onse. Akuti ulendo wachitatu uja ndi wosowa: nkhope zolimba, pakamwa potseka, madzi okha kumveka. Kuchokera polowa m'madzi kufika pamene machira anapendekeka pali masekondi 48. Pius akufuna alekezere pamenepo. Abwana akuti mwina kugwako kukhalemo, poti opereka thandizo amakhudzidwa ndi zoterezi. Ndisankhe ine, ndipo ndikonzeretu mawu.

Masekondi 48 ndi mawu 96. Ndatembenuza kope kukayamba tsamba latsopano kutsogolo kuja. Ndalemba kuti "Mlatho ukakokoloka", n'kuima.

Chiganizo chilichonse chimene ndimadziwa kupanga chimaloza mlatho. Ndipo si bodza ayi. Mlatho ukanakhalapo sakanalowa m'madzi. Msewu ukanakhala wabwino bwenzi pano ali ku Blantyre. Magetsi akanakhalapo bwenzi adokotala ataona fupalo tsiku loyamba. Zaka khumi ndi zitatu ndakhala ndikunena zoterezi, ndipo sindinanamepo. M'mawu 96 amenewo zonsezi zikwanamo bwinobwino, ine ndekha ndi amene sindipezekamo, ndipo palibe wowonera angadziwe kuti pakusowa kanthu.

A Muhiwa 39.6. Zala za kuphazi zada. Sanadye.

Lachiwiri, 20 Febuluwale

37.0.

Lero adokotala sanayankhule Chingerezi. Anakhala pamphepete pa bedi 8 n'kufotokoza pang'onopang'ono m'Chichewa chawo cha kumpoto. Kuwola kwadutsa bala, kukukwera. Masiku anayi aja atha. Akachedwa, chiphe chilowa m'magazi. Mwendo uchoke mawa m'mawa, osapitirira.

A Belita anati zimenezi sangavomere okha, ayenera kumva eni ake a munthu, amalume awo a Muhiwa. Amalumewo ali tsidya la Nakhonyo. A Jonasi anapita dzulo kukawatenga, anapeza mtsinje wadzaza mpaka zipilala zija sizikuoneka, n'kubwerera.

"Mayi a Alesi, tasiyani," anatero a Muhiwa kwa akazi awo. "Amalume ali ndi yawo iwiri. Uwu ndi wanga. Bweretsani pepalalo."

Anadinda ndi chala chachikulu. A Fanny anawapukuta inki ndi thonje.

"Adokotala, munthu wa mwendo umodzi amalima?"

"Alipo amene amalima."

"Nanga njinga? Chinangwa changa ndimakagulitsa ku Chiringa."

Adokotala anati zimenezo tidzakambirana bala likapola.

Madzulo a Muhiwa anapempha madzi ofunda. A Belita anawasambitsa mapazi onse awiri, n'kuwadzoza mafuta, lodwala lomwe.

Lachitatu, 21 Febuluwale

Anapita nawo 9:10. Abwera nawo 11:45. Adula pamwamba pa bondo. Jenereta inalira nthawi yonseyo.

Panafunika magazi. A Jonasi anapereka botolo limodzi. Ine ndinati atenge anga, a Fanny anangondiyang'ana. "A taifodi? Tagonani, a Mawu."

Masana a Jonasi anapatsidwa phukusi lokulunga m'nsalu yoyera kuti akakwirire kumanda a mishoni. Khasu anabwereka kwa wa kudimba la chipatala. Ndinawaona pawindo akupita, phukusi analinyamula ndi manja awiri.

Ine 36.9. Ndadya zonse zimene anandipatsa.

Lachinayi, 22 Febuluwale

36.8. Adokotala akuti mawa ndingatuluke.

Magetsi ayaka thu koloko masana. Wodi yonse inaomba m'manja. Mphunzitsi wamva pa wailesi yake kuti pamsewu wa ku Chiradzulu athira miyala, malole ayamba kudutsa limodzilimodzi.

A Muhiwa 38.1, kutentha kukutsika. Petidini wochepetsa ululu, kawiri. Akugona kwambiri. Atadzidzimuka anati chala chachikulu chikuwayabwa. A Belita anafunsa kuti pati. Analoza kumunsi kwa bedi, ndipo a Belita anakanda matiresi pamalo pomwe analozapo mpaka anagonanso.

Tsamba lija lidakali ndi mawu awiri.

Lachisanu, 23 Febuluwale

Ndikulembera m'galimoto. Taima pamalo oduka paja, tikudikira malole atatu adutse.

Pius ndi Jenifer anafika cha m'ma teni. Jenifer anati ndaonda ngati bango. Anditulutsa ndi makapisozi a masiku anayi. Ndizimwa madzi owiritsa, ndipewe zokazinga, pakatha sabata ziwiri ndikayezetsenso.

Jenifer anabweretsa buledi, shuga ndi sopo. Ndinamuuza yemwe wakhala akunditsukira mbale, ndipo zonse anapereka kwa a Belita. Analandira ndi manja awiri, atagwada. "Zikomo, mayi," anatero. Anathokoza Jenifer, osati ine.

Ndinatsanzikana ndi mphunzitsi, ndi a Fanny, ndi a Jonasi amene anali pakhonde. Pabedi 8 ndinafika kumapeto. A Muhiwa anali maso, atatsamira pilo, bulangeti litaphwa mbali imodzi. Pius anawapatsa moni, iwo anamuzindikira.

"Awa ndi a makina aja," anatero. "Mwayenda bwanji? Msewu uli bwino tsopano?"

"Ukudutsika," anatero Pius.

"Chabwino."

Ndinawagwira dzanja. Ndinali nditakonza zonena, koma zinali zosanjika bwino kwambiri moti ndinachita nazo manyazi. Ndinangoti atsale bwino. Titafika pakhomo anandiitana.

"A Mawu, tadikirani. Kujambula kuja, kwachitatu kuja, kunatuluka bwino?"

Pius anayang'ana pansi.

"Mundiuze zoona," anatero a Muhiwa. "Chifukwa anthu a milatho aja akakati sizinaoneke bwino, mukabwereze, ine sindikwanitsanso. Mudzachita kupeza wina."

Ndinawauza zoona. Kunatuluka bwino kwambiri.